Makina Oyendera Nthawi: Maganizo pa Buku la H. G. Wells

Tonse tidziwa kuti nthawi iyenda monga madzi a mtsinje wa Naperi: itsika, ndipo siibwerera kumtunda. Koma m'chaka cha 1895 Mngelezi wina, dzina lake H. G. Wells, anatulutsa buku lotchedwa The Time Machine, ndiko kunena makina oyendera nthawi. Makina otere kulibe pa dziko lapansi; nkhaniyo njopeka monga nthano za kalulu. Nanga munthu wamkulu aiwerengerenji? Tiyeni tione.

Nkhani Yake

Mwini nkhani satchulidwa dzina, angoti Woyenda m'Nthawi. Iye anapanga makina a zitsulo, minyanga ya njovu ndi mwala wonga galasi, nawaikira chishalo ndi zogwirira ziwiri. Atakankha chogwirira chimodzi, zaka zinayamba kupita ngati mphindi, kufikira anaima m'chaka cha 802,701, pamalo pomwepo pamene anachokera, pafupi ndi London.

Kumeneko anapeza mitundu iwiri ya anthu. A Eloi anali aafupi, okongola ndi ofooka. Analikudya zipatso zokha, osagwira ntchito. A Morlock analikukhala mumdima pansi pa nthaka, kuyendetsa makina ndi kupangira a Eloi zovala. Koma usiku wopanda mwezi analikutuluka kudzagwira a Eloi kuti akhale ndiwo zawo. Woyendayo anaganiza kuti a Eloi ndiwo zidzukulu za olemera, ndi a Morlock zidzukulu za antchito.

Ubwino wa Bukuli

Wells safotokoza bwino kayendedwe ka makinawo, ndipo wina angayese kuti analakwa. Ine nditi sanalakwe, pakuti makinawo ali ngati bwato: ntchito yake ndiyo kutiwolotsa, kuti tikaone zipatso za mbewu zimene tibzala lero. Wells anadziwa chimene analikunena. Amayi ake anali wantchito m'nyumba yaikulu ya Uppark, ndipo iye mwini anavutika m'sitolo ya nsalu ali mnyamata.

Taganizani za mzinda wathu wa Blantyre. M'mamawa anthu a ku Ndirande, Zingwangwa ndi Bangwe alawira wapansi kukagwira ntchito m'mafakitale a ku Makata ndi m'nyumba za ku Sunnyside ndi ku Namiwawa. Ngati ana a olemba ntchito ndi ana a olembedwa sadzakomana m'sukulu imodzi, ngakhale kudyera mbale imodzi, kodi zidzukulu zawo zidzadziwana? Funso la Wells ndi limeneli, ndipo litikhudza ife monga linakhudza Angelezi.

Koma pamene bukuli lilasa mtima koposa mpamene Woyendayo alowa m'nyumba yakale yosungiramo zinthu. Apeza mabuku onse atawola, atasanduka nsanza zopanda chilembo. Weena, mkazi wa a Eloi amene iye anamupulumutsa m'madzi, sadziwa n'komwe kuti kulemba n'chiyani. Palibe mdani anawalanda nzeru anthuwo. Anazitaya okha chifukwa cha mtendere waulesi. Inu amene mwaphunzira kuwerenga tsitsi litayamba imvi, mugwira ntchito imene a Eloi anaileka, ndipo musaiyese yaing'ono.

Zoperewera Zake

Bukuli lili ndi zilema zitatu. Choyamba, mlembi atatiuza kuti makolo a a Morlock anaponderezedwa, Woyendayo angonyansidwa nawo, nawamenya ndi chitsulo. Mlandu suweruzidwa pomva mbali imodzi. Chachiwiri, Weena anamulemba ngati kamwana kongotsata pambuyo. Ife amene tinaleredwa ndi amayi olimba mtima tidziwa kuti mkazi sali wotero. Chachitatu, bukuli litichenjeza koma silitiuza chochita. Woyendayo abwerako ndi maluwa awiri ofota, asimba zimene anaona, akweranso makina ake, ndipo sabweranso.

Mawu Otsiriza

Ngakhale zili choncho, ndi buku loyenera kuliwerenga, ndiponso ndi lalifupi. Ngati Chingelezi chikuvutani, pemphani mwana wa sukulu akutanthauzireni pang'onopang'ono madzulo. Amalawi nawonso ayamba kulemba za m'tsogolo. M'chaka cha 2015 Shadreck Chikoti anatulutsa buku la Chingelezi lotchedwa Azotus the Kingdom, losimba za Africa zitapita zaka 500. Tifuna mabuku otere m'Chichewa chathu, kuti agogo ndi adzukulu azitsutsana za mawa m'chinenero chimodzi.

Akulu anati chakudza sichiimba ng'oma. Wolemba nkhani zotere ayesa kutiimbira ng'omayo nthawi isanathe, ndipo amene adziwa kuwerenga ndiye aimva.