Kodi Khoti Lingawongole Mwambo?

Anzanga acinyamata, mwezi uno tiyeni tione nkhani imene a Muna Ndulo analemba m'caka ca 2011. A Ndulo ndi mwana wa kuno kwathu, katswiri wa zamalamulo pa yunivesite ya Cornell ku America. Nkhaniyo ndi ya m'Cingerezi, mutu wake ndi "African Customary Law, Customs, and Women's Rights," ndipo inatuluka mu Indiana Journal of Global Legal Studies. Mainawo asakuopseni. Cimene akukamba ndi cija timaona tikacoka kumanda, acibale atakhala pansi kugawa katundu, mai wamasiye ali pakona mutu uli pansi.

Mfundo yao ndi iyi. Anthu ambiri mu Afirika amakwatirana, kulekana ndi kugawa cuma ca masiye motsata mwambo. Mwambowo unakula nthawi imene mau anali ndi amuna, motero mbali zake zina zimapondereza akazi. Koma a Ndulo sanena kuti tiutaye. Akuti mwambo ndi cinthu camoyo cimene cimasintha anthu akasintha, ndipo oweruza ali ndi udindo wouwongola kuti amuna ndi akazi akhale olingana.

Apa ndiwaombera m'manja, pakuti saika mtsikana pa mphambano yakuti asankhe pakati pa ufulu wake ndi mtundu wake. Ndipo zitsanzo zilipo. Ku South Africa, pa mlandu wa Bhe mu 2004, khoti linathetsa lamulo lakuti wolowa cuma akhale mwamuna yekha. Kuno, pa mlandu wa Chibwe mu 2000, Supreme Court inalamula kuti mai amene anakwatiwa mwa mwambo wa Aushi apatsidweko gawo la cuma cikwati citatha.

Koma ndiona kuti a Ndulo akhulupirira oweruza mopitirira. Sakana kuti Nyumba ya Malamulo ili ndi nchito yake, komabe katundu wolemera ausenzetsa makhoti. Nanga woweruza akapeza citseko cokhoma? Taonani za ku Zimbabwe mu 1999. Venia Magaya anali mwana woyamba, koma khoti lalikulu linati wolowa m'malo mwa atate ace ndi mlongo wake wamng'ono wa kwa mai wina, cifukwa ndi mwamuna. Oweruza onse asanu anagwirizana, natsamira pa lamulo lalikulu la dziko limene panthawiyo linali kucinjiriza mwambo ku mlandu wa tsankho. Zimbabwe inacotsa cinjirizo limenelo ndi lamulo latsopano la 2013.

Ife tikali nalo. Ndime 23 ya lamulo lathu lalikulu iletsa tsankho, koma m'munsi mwake ipatula nkhani za cikwati, cisudzulo, maliro, kugawa cuma ca womwalira ndi mwambo. Zimenezi ndizo zimene akazi amalirirapo! Pa 11 August 2016 tinafunsidwa kuti tisinthe gawo la ufulu wa anthu. Ambiri mwa amene anavota anavomera, koma sanafike theka la onse oyenera kuvota, ndiye ndimeyo inatsala momwemo. Woweruza wa mtima wabwino angaizembe, koma kuifafaniza sangathe.

Ndiponso tifunse, khoti lake liti? Mlandu wa Chibwe unayambira ku Local Court, nukwera makwerero onse kufika pamwamba. Ndi amai angati a ku Petauke kapena ku Kanyama amene ali ndi ndalama ndi mphamvu zoyenda ulendo wotere? Ambiri amathera ku Local Court komweko, kumene maloya saloledwa kuimira munthu pa milandu ya mwambo. Enanso safika ndi kukhoti komwe. Nkhani imathera pamphasa, pamaso pa amalume.

Ndachula amalume, ndipo pali cina. Mau akuti ulamuliro wa amuna ndi oona, koma sakwanira kufotokoza za ife Acewa, Ansenga ndi Abemba amene timatsata mtundu wa kwa mai. Kwathu amene amalowa cuma mwa mwambo ndi a kucikazi kwa malemu, monga ana a mlongo wake, ndipo pakati pa onyamula mipando pamakhala alamu acikazi. Mankhwala a mlandu wa Bhe sangacize nthenda imeneyi ndendende.

Cimene cinayesa kuiciza ndi lamulo la 1989 la cuma ca munthu womwalira wosasiya wilu. Ana atenga magawo 50 pa 100, mkazi kapena mwamuna wotsala 20, makolo 20, ndipo ena amene malemu anali kusunga 10. Anapanga ndi aphungu, osati oweruza. Koma nalonso silikhudza malo a mwambo, ndiye kuti munda umene mai wa kumudzi analima zaka makumi awiri sulowa m'magawo amenewa.