Umphawi ndi Ulemu wa Bambo mu Kanema wa "Ladri di biciclette"

Kanema wa "Ladri di biciclette", kutanthauza kuti "Akuba Njinga", adakonzedwa ndi Vittorio De Sica m'chaka cha 1948, dziko la Italy lisanapole mabala a Nkhondo Yachiwiri ya Dziko Lonse. Pa nthawiyo ulova udali utamanga nthenje mumzinda wa Rome.

Nkhani yake njosavuta kuitsata. Antonio Ricci wapeza ntchito yomata mapepala otsatsa makanema m'makoma, koma ntchitoyo ikufuna munthu wokhala ndi njinga, pamene yake adaipinyolitsa. Mkazi wake, Maria, akupinyolitsa nsalu zoyala pabedi kuti aiwombole. Tsiku loyamba lomwelo mbala ikuthawa nayo njingayo, ndipo Antonio ndi mwana wake Bruno akuyamba kuisaka mumzinda monse.

Mphamvu ya kanemayu yagona pa kuonetsa mmalo molalikira. Kumalo opinyolitsira katundu, wantchito akukwera mashelefu ataliatali odzaza ndi mitolo ya nsalu za mabanja ena. Popanda mawu alionse, woonera azindikira kuti vuto la banja la Ricci ndi la anthu miyandamiyanda. Komanso De Sica sadafune akatswiri otchuka a zisudzo: Lamberto Maggiorani, amene adasewera ngati Antonio, adali wogwira ntchito m'fakitale.

Pachimake pa nkhani, Antonio, atathedwa nzeru, akuba njinga ya munthu wina pafupi ndi bwalo la mpira, ndipo akugwidwa mwana wake akuona. Wosaka mbala wasanduka mbala. Paja akuluakulu amati chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe. Apa mpamene tanthauzo la mutu lionekera: akuba ndi awiri. Mwini njinga amukhululukira, koma manyazi atsala, ndipo Bruno ndiye agwira dzanja la bambo ake akulira.

Chofooka chilipo. Maria, amene nzeru zake zidatsegula khomo la ntchito, saonekanso kwenikweni nkhani ikafika pakati, ngati kuti mtolo wa umphawi amausenza abambo okha.

Ngakhale zili choncho, uthenga wa kanemayu ngomveka. Umphawi sulanda chakudya chokha. Umalandanso kholo ulemu pamaso pa mwana wake. Njinga sipezeka, ndipo woonera atsala ndi funso: wolakwa weniweni ndani?