Rudolph Cartier ndi luso loyandikitsa kamera

Zimandinyansa kuti anthu akamakamba za masewero oyambirira a pa wailesi yakanema ya BBC amangotchula mlembi Nigel Kneale ndi katswiri wa zisudzo Peter Cushing, ngati kuti zithunzi zinkadzisankha zokha. Nanga Rudolph Cartier? Mkuluyu anabadwira ku Vienna mu 1904, anakhwimira pa ntchito ya mafilimu ku Germany, ndipo atachokako chifukwa cha ulamuliro wa Nazi anadzalowa ku BBC mu 1952. Owonera sankamuona nkhope, komatu chilichonse chofika m'maso mwawo chinkadutsa kaye m'manja mwake.

Masiku amenewo sewero linkaulutsidwa pompopompo, ukalakwitsa dziko lonse laona. Mu 1953 Cartier anatsogolera The Quatermass Experiment, sewero la magawo 6, ku Alexandra Palace mu London, ndi zimakamera zakale za m'ma 1930. Kamera yotere sinkakoka chithunzi ili patali. Kuti nkhope idzaze kanema, chimakina chonsecho chinkachita kukankhidwa mpaka pafupi ndi munthuyo, ena akukoka zingwe kumbuyo mwakachetechete. Uku Cartier ali m'kachipinda kena, maso pa makanema aang'ono, akulamula kamera yoti ilowe, ndi mphindi yake.

Apa ndi pamene pagona luso lonse, ndipo sindisintha maganizo. Kanema wa m'nyumba anali wamng'ono, zithunzi zake zotuwa, moti gulu la anthu linkangooneka ngati nyerere. Koma nkhope imodzi yamantha, itayandikitsidwa pa nthawi yake, inkalowa m'nyumba ya munthu n'kukhala naye pampando. Taonani chilombo cha m'gawo lomaliza la The Quatermass Experiment: anali manja a Kneale m'magolovesi omatidwa masamba, atawapisa pa chithunzi chachikulu cha mkati mwa Westminster Abbey. Kamera ikanangobwerera m'mbuyo pang'ono, anthu akanafa ndi phwete. Inaima pomwe inayenera kuima, anthu n'kuchita mantha enieni. Wina andiuze kuti limeneli ndi luso la mlembi!

Ambiri amatamanda Cartier chifukwa cha tizigawo tojambuliratu pa filimu timene ankalowetsa pakati pa sewero. Kwa ine timeneti tinkangopatsa mpata ochita sewero kusintha zovala ndi makamera kusamuka.

Mboni yanga yaikulu ndi Nineteen Eighty-Four, yochokera m'buku la George Orwell, imene anaulutsa pa 12 December 1954 kuchokera ku situdiyo ya ku Lime Grove. Nkhanza zimene mpangankhani Winston Smith ankachitiridwa zinkawerengeka pankhope ya Cushing, yemwe ankasewera ngati iyeyo, ndipo owonera anadandaula mpaka aphungu ena kukayambitsa nkhaniyo ku nyumba ya malamulo. BBC sinagonje. Pa 16 December gulu lonse linabwereranso kukachita seweroli kuyambira pachiyambi, Cartier akuitananso kamera iliyonse pa mphindi yake, ndipo la tsiku limenelo ndi lomwe linajambulidwa n'kusungidwa mpaka lero.