Zamunda, Dziko Lopanda Chiyankhulo: Kuunikanso Filimu ya Coming to America

Filimu ya Coming to America, yomwe anaitsogolera John Landis ndipo inatuluka mu 1988, imakamba za Akeem, mwana wa mfumu ya dziko lopeka la Zamunda. Atakana mkazi amene makolo anamusankhira, mnyamatayu akupita ku Queens, mumzinda wa New York, komwe akudzisandutsa mmphawi nayamba ntchito yokolopa pamalo odyera a McDowell's, pofuna mkazi womukonda iye osati chuma chake. Nthabwala zambiri zagona pa chinyengo chimenechi: Lisa akumuyesa mbusa wa mbuzi, pamene mng'ono wake Patrice akukhulupirira kuti kalonga ndi Semmi, mtumiki wa Akeem.

Chomwe chimabisa munthu m'filimuyi si zovala koma lilime. Eddie Murphy akusewera mbali zinayi, ndipo luso lake likuonekera kwambiri m'nyumba yometera tsitsi, momwe iye yemweyo ndi Clarence, wometa wolongolola, komanso Saul, nkhalamba yachiyuda. Aliyense mwa awiriwa ali ndi kayankhulidwe kakekake, kosonyeza mtundu, msinkhu ndi dera lomwe anakulira. Khutu lomwe linatola kusiyana kumeneku ndi lakuthwa, ndipo m'pake kuliyamikira.

Tsono khutu lomwelo likafika ku Africa limagontha. Ku Zamunda mfumu Jaffe Joffer, mkazi wake ndi antchito awo onse amayankhula Chingerezi chimodzi chouma, chaulemu wopitirira muyeso. Akeem ndi Semmi, ngakhale atatsala awiriwiri m'kachipinda konyansa ka ku Queens, satembenukira ku chiyankhulo cha kwawo, chinthu chomwe mlendo aliyense kudziko la eni amachita asanatule n'komwe katundu. Mayina nawo ndi ongotola: Akeem likuchokera ku Chiarabu, Imani limamveka m'Chiswahili. Kumayambiriro kwa filimu kukumveka nyimbo ya Mbube, yomwe Solomon Linda anaijambula mu 1939, ikuimbidwa ndi Ladysmith Black Mambazo. Chizulu chimenechi chikungokometsera mapiri ndi nyumba yachifumu, sichikulowa m'kamwa mwa mtengambali wina aliyense.

Pamenepa kusemphana kwa zikhalidwe kwapendekera mbali imodzi. Akeem akuphunzira kutukwana kwa ku Queens, naonjezerapo nkhani za mpira wa ku America, koma Lisa alibe choti aphunzire, pakuti Zamunda alibe mawu oti amuphunzitse. Ngakhale Imani, mkwatibwi wokanidwa uja, mawu ake omwe oonera amawakumbukira ndi kuuwa ngati galu atalamulidwa.

Ena amati filimuyi inachita bwino poonetsa Africa wolemera, wosapemphetsa, panthawi yomwe makanema a kumaiko a azungu ankangoonetsa njala ya ku Ethiopia. Mfundoyi ndi yomveka, komabe ulemerero wake ndi wa golide ndi zikopa za mikango basi. Gawo lachiwiri la filimuyi, Coming 2 America, linatuluka mu 2021, patadutsa zaka 33, ndipo nkhani yambiri ikuchitikira ku Zamunda komweko. Ana aakazi a Akeem ndi Lisa, obadwira ndi kukulira kunyumba yachifumu, akuyankhulabe Chingerezi chomwe chija.