Nkhope ya Anatoly Solonitsyn

Poweruza kanema tinazoloŵera kutamanda mkonzi wake ndi kuiŵala anthu amene anabwereketsa nkhope zao. Pano tifuna kukumbukira mmodzi wa iwo, Anatoly Solonitsyn wa ku Russia, amene anabadwa mu 1934 namwalira ndi khansa mu 1982, ali ndi zaka 47.

Bamboyu anali wosadziŵika, wochita zisudzo mu mzinda wa Sverdlovsk, pamene Andrei Tarkovsky anamsankha kuti akhale Andrei Rublev, mmonke uja anajambula chithunzi chotchuka cha Utatu Woyera. Kanemayo anamalizidwa mu 1966, koma boma la Soviet Union linamtsekereza kufikira 1971. M'nkhaniyo mmonke uja apha msilikali pofuna kupulumutsa mtsikana, ndipo alumbira kukhala chete ngati kulapa kwake. Kuyambira apo kufikira cha kumapeto kwa kanemayo Solonitsyn alibe mau. Atsala ndi maso ndi mayendedwe okha, komabe ife oonera timva kulemera kwa tchimolo.

Tikadayembekeza kuti munthu wotere aseŵera oyera mtima moyo wake wonse, koma sizinatero. Mu Solaris (1972) anali Sartorius, wasayansi wouma mtima. Mu Stalker (1979) anali Mlembi, munthu wonyoza amene chikhulupiriro chinamthera. Koma ntchito yake yoposa, monga tionera ife, ili mu Voskhozhdenie (1977), kanema wa Larisa Shepitko wonena za nkhondo ku Belarus mu 1942. Mmenemo ndi Portnov, yemwe kale ankaphunzitsa ana kuimba, koma tsopano afunsa milandu m'malo mwa Ajeremani.

Malo ake m'kanemayo ndi ochepa, ndipo woseŵera wina akadakalipa ndi kutuzula maso kuti tidziŵe msanga kuti nayu mdani. Solonitsyn alankhula motsitsa, ngati mphunzitsi wotopa. Afuna kutsimikizira wandende Sotnikov kuti palibe munthu amene sagonja pomva ululu, pakuti wina akapirira, kugonja kwa iye mwini kudzasoŵa chowiringula. Atamtentha ndi chitsulo chamoto Sotnikov sagonja, ndipo tiona kuti amene aweruzidwa m'chipindamo ndi wofunsa uja.

Apa mpamene pagona luso la woseŵera wa mtundu uwu: sadzichinjiriza, ndipo sapempha kuti timkonde. Nkhope yomwe inasenza kulapa kwa Rublev ndiyo inasenzanso mantha a Portnov, osasintha kwenikweni. Ife amene timalalika za Pilato ndi Yudasi pa Lachisanu Loyera kaŵirikaŵiri timaŵasandutsa zilombo, ndipo Akhristu amatuluka m'tchalitchi mtima uli m'malo, poganiza kuti nkhaniyo siikuŵakhudza. Solonitsyn satipatsa mpata wotere. Portnov wake ndi munthu waulemu, wophunzira, wodziŵa nyimbo, amene tikadamlandira pa tebulo pathu popanda kukayika.