Mphepo ya ku Wimbe M'manja mwa Ejiofor

Kusandutsa buku kukhala filimu kuli ngati kupeta mphale: gaga amayenera kuuluka. Vuto n'lakuti wogwira lichero ndi amene amagamula kuti gaga ndi uti.

Chiwetel Ejiofor, katswiri wa zisudzo wa ku London yemwe makolo ake adachokera ku Nigeria, adagwira licheroli pa nkhani yathu. Mu 2019 adatulutsa The Boy Who Harnessed the Wind, filimu yomwe adailemba kuchokera m'buku la 2009 la William Kamkwamba ndi Bryan Mealer. Mu 2024 adapetanso buku la Jeff Hobbs n'kutulutsa Rob Peace.

Luso ali nalo, sindikana. Adagawa nkhaniyo m'nyengo za mlimi, kuyambira kufesa mpaka njala, ndipo adalimba mtima kulankhulitsa anthu ake Chichewa pa Netflix. Inde, lilime la Maxwell Simba wa ku Kenya, yemwe adasewera ngati William, limapunthwa. Koma mwina ku Dzaleka kuno, kumene Chiswahili chimamveka paliponse, Chichewa chotero sichingadabwitse munthu.

Dandaulo langa lili pa mathero. M'buku, makina amphepo omwe mnyamata wazaka 14 uja adamanga ku Wimbe, m'boma la Kasungu, adayatsa babu. Njala ya 2002 idali itapepuka kale chifukwa dowe adali atacha m'minda, ndipo zopopa madzi zidadza pambuyo pake, William atatchuka pa msonkhano wa TED ku Arusha mu 2007. M'filimu, makinawo akupopa madzi nthawi yomweyo, mbewu zikumera, mudzi ukupulumuka. Woonera wa kutali amadzuka pampando mtima uli m'malo, poganiza kuti njala ya dziko lonse mankhwala ake ndi njinga imodzi ndi mwana wanzeru. Ife amene tidaona mizere ya pa ADMARC chaka chimenecho tikudziwa kuti anthu ambiri sadafike pa dowe.

Kwa ine babu lija silidali gaga. Mwana wosiyitsidwa sukulu chifukwa cha fizi, mimba ili pululu, kufunafuna kuwala koti aziwerengera usiku: nkhani yake idagona pamenepo. Ejiofor adaona kuti babu limodzi n'laling'ono pa kanema, n'kuliuluza pamodzi ndi gaga.