Mlandu wa Beko ndi Mfumu ya ku Botan

Ehmedê Xanî, mlakatuli wa Chikurdi amene anamwalira mu 1707 ku Bayazid, analemba ndakatulo ya Mem û Zîn cha m'ma 1692 m'chinenero cha Kurmanji. Anaitenga ku nthano yakale ya Memê Alan, imene oyimba otchedwa dengbêj ankailoweza pamtima. Ndi nkhani ya chikondi, inde, koma luso lake lalikulu lili pa mmene anagawira mlandu.

Ku Cizîr, likulu la dziko la Botan, Mem anakondana ndi Zîn, mchemwali wa mfumu Zeydîn, atakumana pa chikondwerero cha Newroz. Beko, mlonda wa pachipata cha mfumu, munthu wakaduka ndi wamiseche, ndiye anawatchera msampha. Analangiza mfumu kuti isewere chesi ndi Mem, mogwirizana kuti Mem akagonja aulule amene amamukonda. Mem anagonja, anaponyedwa m'ndende, ndipo anafera momwemo. Zîn naye sanakhalitse.

Mlembi wamba akanamusenzetsa Beko katundu yense, owerenga n'kupita kwawo mitima itatsika. Xanî sanatero. Tacdîn, bwenzi la pondapo-nane-mpondepo la Mem, anali atapempha kale mfumu kuti imuchotse Beko, koma iyo inakana, n'kunena kuti ufumu sungayende popanda anthu otere. Apa ndi pamene pandigwira mtima. Mfumu inkamudziwa bwino wamisecheyo, inkamuweta dala. Beko analankhula chabe. Amene analamula kuti Mem amangidwe ndi Zeydîn, ndipo pamene ankafewa mtima n'kulola ukwati, madzi anali atafika kale m'khosi.

Chilango nachonso chabwera mokhota. Tacdîn anapha Beko, monga mwambo wobwezera magazi unkafunira, koma Zîn, asanamwalire, anakhululukira Bekoyo napempha kuti aikidwe pafupi ndi iye ndi Mem. Xanî, wophunzira za Usufi (njira ya uzimu ya m'Chisilamu), ankaona masautso ngati njira yoyeretsera chikondi, choncho ngakhale woipa ali ndi gawo lake m'chikonzero cha Mulungu. Mbali imeneyi imandivuta, chifukwa ikupeputsa zochita za Beko kuposa muyeso. Komabe anthu sanamukhululukire: nthano imati pakati pa manda a awiriwo panamera chitsamba chaminga chowalekanitsa, ndipo mpaka lero Akurdi amatchula munthu wodanitsa anzake kuti Beko.

Zeydîn yekha ndiye anatsala pampando wake osalangidwa, ndipo Xanî anamusiya choncho poyera kuti owerenga amuweruze okha. Mwa onse a m'ndakatuloyi, wopalamula wamkulu ndi mfumuyo.